Ndege Imene Sajeni Dumlao Anaitcha Mbalame

Sajeni Crisanto Dumlao anali pafupi kunamiza munthu amene anamuimirira mwana pa ubatizo, ndipo ankadziwa bwino lomwe kuti pamwamba pa nyanja pali anthu amene moyo wawo ukudalira zimene atulutse pakamwa pake. Sanali woledzera. Sanali mbuli pa ntchito yake. Ndikunena zimenezi poyambirira kuti wina asadzamupezere chifukwa chomukhululukira, pakuti masiku ano tazolowera kuchitira chifundo wolakwa kuposa amene walakwiridwa.

Kampu ya asilikali a mumlengalenga ili pansonga pa phiri la Santa Rufina, moyang'ana nyanja ya kumpoto. Ntchito ya Dumlao inali yokhala m'chipinda chamdima ndi kuyang'ana galasi la rada, pamene kamzere kowala kamazungulira usana ndi usiku. Chilichonse cholowa mumlengalenga mwa dziko lathu chimaoneka pagalasipo ngati kadontho, ndipo kadontho kalikonse kayenera kudziwika: ndi ndani, wachokera kuti, akupita kuti. Ndege zambiri zimadzitchula zokha pa wailesi. Koma kadontho kakaitanidwa osayankha, lamulo la pakampupo linali losapita m'mbali. Amene wakaona koyamba ndiye mwini wake. Sachoka pampando mpaka kadziwike, ngakhale nthawi yake yoweruka itakwana. Amadzutsa mkulu wa kampu, amauza a kubwalo la ndege la m'tauni kuti ayatse magetsi, ndipo ndege yankhondo imanyamuka kukakumana nako.

Vuto linali lakuti inali nyengo ya mbalame. Mwezi wa Okutobala akakowa amabwera m'magulu akuluakulu kuchokera kumpoto, ndipo rada imawaona. Masabata angapo m'mbuyomo Dumlao anali atadzutsa kampu yonse chifukwa cha kadontho kosayankha. Ndege yankhondo inanyamuka pakati pa usiku, inawotcha mafuta a boma, nkukapeza akakowa. M'mawa mwake Lefutenanti wina, mnyamata wa msinkhu wa mwana wake, anamuyalutsa pa perete anthu onse akumva. Kuyambira pamenepo dzina lake linasanduka Sajeni Kakowa. Akamalowa m'kantini anyamata ankakupiza zigongono ngati mapiko. Wina anamuikira nthenga m'chipewa. Munthu wa imvi, amene anatsala ndi chaka chimodzi kuti apume pa ntchito, ankadya mpunga wake atayang'ana kukhoma.

Usiku umenewo kunali mvula ndi mitambo yotsika. Nthawi yoweruka itayandikira, kadontho kanatulukira kumtunda kwa galasi, mbali ya zilumba za kumpoto. Kankayenda pang'onopang'ono. Dumlao anakaitana pa wailesi. Zii. Anakaitananso. Zii. Kenaka kanakhotera kumanzere, kanayenda pang'ono, kanakhoteranso kumanzere, nkukhoteranso kachitatu mpaka kubwerera pamene kanayambira. Kanalemba ngodya zitatu pagalasipo.

Woyendetsa ndege aliyense amaphunzitsidwa kuti akasochera m'mitambo wailesi itafa, aziuluka chomwecho, kuti wa pa rada adziwe kuti uyu akupempha thandizo. Dumlao ankazidziwa zimenezi. Iye yemweyo ndiye ankaphunzitsa asilikali atsopano. Koma anakumbukira perete uja, nkudziuza kuti mphepo nayo imazunguza mbalame.

Womulandira ntchito anali Sajeni Honorio Ramiscal, kumpare wake, kutanthauza amene ananyamula Lito, mwana wa Dumlao, pa ubatizo. Anafika mochedwa, lole yotsitsa oweruka itapita kale. Analowa akukutumula ambulera, akupepesa kuti mkazi wake anamutsekereza pakhomo kufikira atamaliza msuzi wa nkhuku.

"Kumwamba kuli bwanji, Pare?" anafunsa Ramiscal, pakuti akumpare amaitanana choncho.

"Kuli bata. Ziwiri izi ndi zonyamula anthu, zadzitchula kale."

"Nanga aka kakukwawaka?"

Dumlao anavala chipewa chake asanayankhe. "Abale anga aja," anatero. "Akakowa."

Ramiscal anaseka mpaka kutsokomola. "Ndiye musawadzutsire a Lefutenanti, Pare. Angawapatse udindo, inu nkukudumphani."

Malamulo amati wolandira ntchito aitane yekha kadontho kalikonse kamene wapatsidwa, asangomvera za mnzake. Koma kwathu kuno, kubwereza kufufuza zimene kumpare wako wanena ndi chimodzimodzi kumuuza pamaso kuti ndi wabodza. Dumlao ankadziwa kuti Ramiscal sangachite zimenezo. Anadalira ulemu wa mnzakeyo ngati chobisalira. Ramiscal anakhala pampando, anaika chizindikiro cha mbalame pa kadontho kaja, nkutsegula botolo lake la khofi.

Masiku amenewo kunalibe mafoni a m'manja. Lamya yomaliza inali m'kanyumba ka pageti, ndipo Dumlao atafika pamenepo anaima. Chikumbumtima chinali chisanafe. Anayang'ana lamyayo. Kukanangotengera kuinyamula ndi kunena kuti: Pare, takayang'ananinso kadontho kaja. Koma msilikali wa pageti anasuzumira pawindo akumwetulira.

"Wapansi lero, Sajeni? Bwanji osangouluka?"

Dumlao anatuluka pageti osaigwira lamyayo.

Msewu wochokera kukampu umatsika mokhotakhota pakati pa nsungwi, umawoloka mlatho wa pachigwa, umadutsa kumanda, kenaka nkulowa m'mudzi. Usana ndi ulendo wosavuta. Usiku umenewo nkhungu inali itaphimba phiri lonse, moti tochi yake inkangounikira nsonga za nsapato zake. Nsungwi zinkakhulana ndi kulira ngati zitseko zakale. Ankayenda akuwerengera mumtima, monga munthu wozolowera ntchito yake: pa liwiro limene kankayendera kadontho kaja, kakanafika pagombe iye atangofika kunyumba. Ngati zinali mbalame, zikanatera m'minda ya mpunga. Ngati sizinali mbalame, kutsogolo kwake kunali phiri, ndipo bwalo la ndege linali mumdima.

Anayesa kuimba kanyimbo ka kutchalitchi. Mawu anakana kutuluka.

Atatsala pang'ono kufika pamlatho anamva fungo. Analidziwa nthawi yomweyo, pakuti anakalambira pakati pa fungo limenelo. Mafuta a ndege. Koma pachigwapo panalibe ndege, panalibe galimoto, panalibe nyumba. Fungolo linkakula. Linkalowa pakhosi.

Kenaka mapazi. Phwa... phwa... phwa... ngati munthu wovala nsapato zodzaza madzi.

Anaima. Mapaziwo sanaime.

Pakati pa mlatho panali munthu. Wamtali, wovala ovolosi ya oyendetsa ndege, yonyowa yense. Analibe tochi. Analibe ambulera. Dumlao anachita monga timachitira tonse tikakumana ndi wina mumdima. Anakweza mawu nati, "Ndine munthu, ndikudutsa nawo."

Mwaulemu wake, winayo amayankha kuti nayenso ndi munthu. Uyu sanayankhe.

Ankayenda. Anapita chakutsogolo pang'ono, nkukhotera kumanzere. Anayendanso, nkukhotera kumanzere. Anayendanso, nkukhoteranso, kubwerera pamene anayambira. Nkuyambanso. Mutu uli chowerama, manja ali kutsogolo ngati wagwira chiwongolero. Ngodya zitatu... pamlatho wopapatiza... pakati pa usiku!



Mlendoyo analankhula osatembenuka. Mawu ake anali athyathyathya, odukaduka, ngati otuluka mu wailesi yakutali.

"Santa Rufina, Santa Rufina... mukundiona?"

Chizolowezi cha ntchito chinayankha mantha asanayankhe. "Ndinu ndani?" anafunsa Dumlao. "Dzitchuleni."

"Eliseo Bumanglag. Ndachokera kuzilumba. Ndanyamula odwala. Pansi sindikupaona."

"Ngati mwachita ngozi, bwana, tiyeni kumudzi. Kuli apolisi."

Mlendoyo anaima. Anatembenuka pang'onopang'ono, koma nkhope yake inali idakali mumdima.

"Sajeni, kodi mbalame imakhota chonchi?"

Dumlao sanamuuze munthu ameneyu udindo wake. Jekete la mvula linali litabisa mizere ya paphewa. 

"Bwererani kumtunda," anatero mlendoyo. "A m'ndege ija akadali ndi mafuta pang'ono."

Apa ndi pamene ndikufuna owerenga aime nane. Munthuyu anapatsidwa mwayi umene ochimwa ambiri sapatsidwa. Anauzidwa tchimo lake nthawi yolikonza isanathe. Geti linali pafupi kuposa mudzi. Akanathamanga, lamya ikanalira, magetsi a kubwalo la ndege akanayaka. Koma taonani zimene zinkayenda m'mutu mwake. Kubwerera kunali kuvomera pamaso pa Lefutenanti kuti wanama posinthana ntchito, mlandu wopita nawo kukhoti la asilikali. Kunali kuyang'ana Ramiscal m'maso. Ndipo zikanapezeka kuti ndi mbalamedi, akanati chiyani? Kuti wauzidwa ndi munthu wozungulirazungulira pamlatho? Anamva kale kuseka kwa m'kantini. Anaika moyo wa anthu mbali ina, manyazi ake mbali ina, ndipo manyazi analemera.

"Ndaweruka ine," anatero Dumlao. "Kauzeni amene ali pa ntchito."

 

"Winanso anatero," anayankha mlendoyo.

Dumlao anakweza tochi. Sakanayenera kutero. Kuwala kunagwera pachifuwa cha munthuyo... nkupitirira. Kunakaunikira zitsulo za mlatho kumbuyo kwake. Mvula inkagwa, koma sinkamugunda paphewa. Inkangodutsa. Ndipo nkhope! Mbali imodzi inali ya munthu wa zaka zapakati, wa ndevu zometa bwino. Mbali inayo inali makala.

Tochi inagwa. Inagubuduka. Inazima.

Dumlao anathamanga. Anadutsa pambali pa chinthucho, ndipo kuzizira kwake kunamulowa m'mafupa. Anathamangira kumunsi. Miyendo imene inali ndi mphamvu zothawira kumudzi inali ndi mphamvu zomwezo zokwerera kugeti, koma anailozetsa kunyumba kwake.

Anaterereka. Anagwa m'matope. Anadzuka. Chipewa chinatsala pomwepo.

"Santa Rufina... mukundiona?"

Mawuwo anali kumbuyo. Anawonjezera liwiro.

"Santa Rufina..."

Tsopano anali kumanzere, m'nsungwi. Kenaka kumanja. Kenaka pamwamba penipeni pa mutu wake, m'mitambo. Anatseka makutu ndi manja. Mawuwo anali m'kati.

Manda athu ali m'mphepete mwa msewu, nyumba za simenti zoyera zosanjikizana ngati mashelefu. Usiku umenewo zinkaoneka mu nkhungu ngati mano. Dumlao anafuna kudutsa atatsinzina. Sanathe. Pachipata cha manda panali patayima munthu uja. Anafika bwanji patsogolo pake? Sanali kupuma mwawefuwefu. Sanali kupuma nkomwe. Dzanja limodzi linali litaloza kumtunda, kumene kuli kampu.

Sanalankhulenso mokweza. Milomo yokha inkagwedera, ndipo mawu ankatuluka ofooka, ngati wailesi imene mabatire ake akutha.

"Mafuta... atsala pang'ono... Sajeni..."

Dumlao anadzilemba chizindikiro cha mtanda. Anatchula Maria Woyera. Munthu wopempha chifundo cha kumwamba iye akuwamana anzake chifundo chimene chili m'manja mwake! Anatembenuza nkhope, nadutsa. Atafika pamtengo wa mango wa kumalire a mudzi anacheuka. Pachipata panalibe aliyense. Fungo la mafuta linali litatha. Kunali zii, ndipo bata limenelo linamuopsa kuposa mawu aja, pakuti linali bata la munthu amene wasiya kupempha.

Anagogoda pakhomo pake ndi zibakera. "Leonila! Ndine munthu, tsegula!"

Mkazi wake anatsegula atanyamula nyali. Ataona matope ndi magazi a pabondo anayamba kumukalipira kuti wadutsira kwa ogulitsa mowa wa nzimbe, koma atamuyang'ana m'maso analeka. Anamukhazika pampando, namuvula nsapato. Dumlao anafotokoza modukizadukiza za fungo, za mlatho, za munthu wa ovolosi amene kuwala kunamudutsa. Za kadontho sanatchule.

"Anakuuzani dzina?" anafunsa Leonila.

"Bumanglag. Eliseo Bumanglag."

Leonila anaika nyali pansi mosamala, ngati akuopa kuti imugwa m'manja. Dumlao anali wobwera, wochokera kuchigawo cha kumwera, ndipo anafika ku Santa Rufina ali kale msilikali. Leonila anabadwira m'nyumba yomweyo.

"Bambo a Lito," anatero motsitsa mawu, "munthu ameneyo anamwalira ine ndili kamtsikana. Ankayendetsa kandege ka amishoni kotenga odwala kuzilumba. Kanagunda phiri pamwamba pa mlatho paja usiku wa mvula. Bambo anga anali m'gulu la amene anatsitsa mitembo. Iyeyo anaikidwa m'manda athu omwewa, chifukwa kwawo kunali kutali. Akuluakulu ankanong'onezana kuti kukampu anamuona, koma wa pa rada anati ndi mbalame."



Leonila sanali mkazi wopusa. Anakhala ndi msilikali wa rada zaka zambiri, ndipo ankadziwa kuti akufa sayenda m'mvula popanda chifukwa. Anamugwira mwamuna wake pachibwano, namutembenuza kuti amuyang'ane.

"Mwasiya chiyani kumtunda kuja?"

Pamenepo ananena zonse. Ngodya zitatu. Ramiscal. Akakowa.

Mkaziyo sanalire. Anamuponyera nsapato pachifuwa, namuuza kuti kunyumba ya ansembe kuli lamya, athamange, akagwetse chitseko ngati kuli kofunika. Ndipo Dumlao, amene anakana pageti, nakana pamlatho, nakana pamanda, tsopano anavomera. Anawerama kuti avale nsapato.  Chingwe chinakana kulowa pabowo.

Ndi pamene anaimva.

Injini. Yaing'ono, yotsika kwambiri, ikubwera kuchokera kunyanja. Inkatsokomola. Inadutsa pamwamba pa denga lawo moti malata ananjenjemera. Inkafunafuna magetsi. Kumwera, kumene kuli bwalo la ndege, kunali mdima wokhawokha. Inakhotera kumtunda... kuphiri.

Inatsokomolanso. Kamodzi. Kawiri.

Zii.

Leonila anagwira mkono wa mwamuna wake. Anadikira. Mvula inkadontha pakhonde.

Phuu! Mawindo anagwedezeka. Agalu a mudzi wonse anayamba kuuwa, ndipo kumtunda, m'kati mwa nkhungu, kunaoneka kufiira.

Kutacha amuna a m'mudzi anakwera ndi zikwanje ndi machira. Kanali kandege kochokera kuzilumba, konyamula mayi amene anavutika kubereka kwa masiku awiri, mwamuna wake, namwino, ndi woyendetsa. Magetsi a m'ndegemo anafa ali pakati pa nyanja. Ofufuza ananena pambuyo pake kuti woyendetsayo anachita zonse zimene anaphunzitsidwa, ndipo akanaona bwalo lowala akanatera bwinobwino. Palibe anapulumuka. Dumlao anali nawo pa gulu lotsitsa mitembo, chifukwa Leonila anamuuza kuti akapanda kupita iye mwini adzanena pamaso pa mudzi wonse chimene chamuletsa. Anapatsidwa machira a mayi uja.

Kukhoti la asilikali Ramiscal anafotokoza mawu onse amene anauzidwa usiku umenewo, osawonjezera, osachotsa, ndiponso osayang'ana kumene kunakhala kumpare wake. Dumlao anayesa kunena za munthu wa pamlatho. Oweruza anamuuza kuti khoti silizenga mizimu, koma ngati zinali zoona ndiye kuti mlandu wake wakula, pakuti anachenjezedwa.

Musanyengedwe ndi kuchepa kwa bodza pamene likutuluka pakamwa. Dumlao sanabe kanthu. Sanawombere munthu. Anangofuna kuti asasekedwenso. Chifukwa cha chimenecho anthu anayi ndi mwana wosabadwa anapsa paphiri. Ramiscal anachotsedwa ntchito chifukwa chokhulupirira mnzake, ndipo anakalamba akupalasa njinga yonyamula anthu m'tauni. Dumlao anavulidwa mizere yake pamaso pa kampu yonse, analandidwa penshoni, nakakhala m'ndende zaka zisanu ndi ziwiri. Mwana wake Lito anasiya kugwiritsa ntchito dzina la bambo ake. Dumlao atatuluka m'ndende, Leonila anamutumizira zovala zake m'katoni kudzera kwa ansembe, ndipo mwamunayo anamwalira ali yekha m'chipinda cha lendi kwawo kumwera.